Tsiku Limene Ndinatsekera Ankhoswe Anga Chitseko

Ana anga, mutu uno ndaulemba m'Chichewa dala, ngakhale ndikudziwa kuti Chichewa chanu n'chotsimphina. Amene chimukanike apite kwa mayi ake akamuwerengere. Iwo analipo, ndipo pamene ndadzikometsera akakuuzani. Za ubwana wanga ndinakusimbirani kale mpaka munkathawa patebulo, choncho pano ndiyambira pa ntchito.

1966 mpaka 1972: Limbe ndi Balaka

Ntchito yanga yoyamba inali ya panjanji ku Limbe. Ndinalowa ngati wothandiza gadi wa sitima, ndipo patatha zaka ziwiri anandipatsa mbendera zanga ziwiri ndi wezulo n'kunditumiza ku Balaka. Zosowa zinalipo zambiri. Mwezi wina palafini wa nyali kulibe, mwezi wina yunifomu yabwera yopanda mabatani, iwe uone chochita. Koma ntchito inali yokoma, chifukwa sitima ya kwathu inali ndi umunthu. Gadi akaona munthu wamkulu akubwera chothamanga ndi dengu pamutu, ankawerama n'kuyamba kumanga chingwe cha nsapato chimene sichinamasuke, mpaka munthuyo akwere. Palibe anatiphunzitsa zimenezo, ndipo palibe anatiletsa.

Ndili ku Balaka komweko ndinalandira kalata ya abambo Chikuse. Iwowa anali aphunzitsi anga a ku pulayimale ku Ntcheu, ndipo pambuyo pake anapita ku Canada kukaphunzira ntchito yoyeza magazi, n'kukhazikika ku Hamilton. Kalatayo inali yaifupi ngati mmene ankalankhulira m'kalasi: "Lakisoni, mutu uli nawo. Bwera. Mapepala ndikuthandiza, pogona palipo." Ndinawerenga katatu, kenaka ndinakamuonetsa Esinati, amene lero ndi mayi anu, pa nthawiyo tili pa chitomero. Anandiyang'ana n'kunena kuti, "Pitani, koma mukakandiiwala ndidzabwera wapansi."

1972 mpaka 1975: Hamilton

Ndinafika nyengo yozizira itayamba kale, nditavala jekete la suti basi. Abambo Chikuse atandiona pabwalo la ndege anapukusa mutu, anavula chikhoti chawo n'kundiveka, iwo n'kuyenda mpaka kugalimoto ndi juzi yokha. Ndinakhala m'chipinda chapansi cha nyumba yawo zaka ziwiri, ndikusesa mufakitale ya zitsulo. Amayi Chikuse ankandiphikira ngati mwana wobala okha, ndipo ndikatchula zolipira ankati ndasowa chonena.

Ndi abambo omwewo amene anaona m'nyuzipepala kuti ku Toronto akufuna anthu ogwira ntchito pa sitima zapansi panthaka, zimene kuno timati sabuweyi. Anandikhazika patebulo sabata yathunthu akundifunsa mafunso m'Chingerezi ngati ndiwo olemba ntchito. Ndikagwetsa nkhope ankamenya tebulo. "Dzutsa mutu! Kuno ukayang'ana pansi amati ukubisa kanthu." Ntchito ndinaipeza mu 1974. Chaka chotsatira Esinati anafika, ndipo poti kuno tinalibe malume kapena mlongo, abambo Chikuse anakhala ankhoswe a mbali zonse ziwiri. Ankaseka kuti tikadzayambana, iwo adzakangana okhaokha m'khitchini mpaka mlandu uthe. Amalawi masiku amenewo tinali owerengeka ndi zala, kuphatikizapo anzathu a ku Zambia, ndipo kamodzi pa mwezi tinkasonkhana kunyumba kwawo kupemphera ndi kudya. Kunena zoona, m'dziko lonse lino makolo athu anali awiri okhawo.

1974 mpaka 1977: pansi pa mzinda

Sitima ya sabuweyi inkayenda ndi anthu awiri. Dalaivala kutsogolo, gadi pakati, m'kachipinda kokhala ndi windo. Sitima ikaima, gadi amatsegula zitseko, amasuzumira pawindo, amayang'ana kutsogolo ndi kumbuyo, amaimba wezulo, n'kutseka. Ikamanyamuka, mutu wake uyenera kukhalabe panja akuyang'ana pulatifomu, kuopa kuti wina wakodwa chovala. Amene anandiphunzitsa zonsezi anali bwana Kowalski, mkulu wa magadi, munthu wamfupi wochokera ku Poland, wa mawu ngati mphero ya chigayo. Chingerezi chake chinali chokhota kuposa changa, ndipo mwina n'chifukwa chake tinamvana.

Sabata yanga yoyamba ndinaona nkhalamba ina ikutsika masitepe ndi ndodo. Magazi a ku Balaka anandiwira, ndipo ndinaidikira. Madzulo ake bwana Kowalski anandiitana. "Lakisoni, unadikira ndani?" Ndinafotokoza. Iye anati, "Kumbuyo kwako kunali sitima ina yodzaza, itaima mumdima chifukwa cha chifundo chako. Nkhalamba ija ikanakwera yotsatira. Sitima siidikira munthu, ngakhale akhale mayi ako." Ndinatuluka ndikung'ung'udza kuti anthu awa alibe ulemu, koma m'kupita kwa nthawi ndinaona kuti ulemu wawo uli poti onse afike pa nthawi.

Ntchito ija ndinaikonda, musamve zina. Kunja kuzizire bwanji, ine ndinali pofunda. Ndinkadziwa nkhope za anthu a m'mawa: anamwino otsika pafupi ndi zipatala, ana a sukulu yaukachenjede ogona choimirira, azibambo a kubanki obisala kuseri kwa nyuzipepala. Tinapeza kanyumba kathu ka zipinda ziwiri, Esinati anayamba ntchito yosamalira okalamba, ndipo chakumapeto kwa 1977 anali woyembekezera. Titakawauza ankhoswe, abambo Chikuse anati, "Dzina la woyambayu ndi langa. Musayerekeze kutola dzina la pa wailesi." Tinavomera mosangalala, poti kwathu mwana satchedwa dzina ndi makolo ake ngati kuti alibe akuluakulu.

Januwale 1978: njanji yatsopano

Mzinda unali utamanga njanji ina yapansi yolowera kumpoto, ndipo kumayambiriro kwa mweziwo bwana Kowalski anandiitana mu ofesi. Ndinalowa ndikufufuza chimene ndalakwa. Iye anati, "Pa mwambo wotsegulira, sitima yoyamba idzanyamula akuluakulu a mzinda ndi atolankhani. Gadi wake ndiwe. Sunapanepo munthu ndi chitseko, ndipo chichokereni nkhalamba ija sunachedwepo. Ukachapitse yunifomu."

Lamulungu lotsatira tinali ku Hamilton, ndipo pakamwa panandithamanga. Mapemphero atatha ndinaimirira n'kulengeza nkhaniyo, kenaka ndinawonjezera kuti, "Nonse mubwere, mudzakwere sitima yanga yoyamba!" Inu obadwira kuno simungamvetse. Kwathu mwambo saitanira ndi chiwerengero. Ukati bwerani, ndiye kuti bwerani, ndipo malo amapezeka. Abambo Chikuse anavula magalasi n'kupukuta m'maso. Anati, "Mwana uyu ndinamulandira alibe ndi chikhoti chomwe, lero akunyamula a meya. Ine ndikapempha tchuthi kuchipatala, ndipo ndidzakhala woyamba kulowa."

Kutatsala masiku awiri, anatiuza kuntchito kuti sitima yoyambayo ndi ya okhawo olandira makhadi osindikizidwa. Abale a antchito ankaloledwa kudzaonerera, koma ataima kuseri kwa chingwe. Ndinathamangira kwa bwana Kowalski kukapempha khadi limodzi lokha la bambo anga. Anandiyang'ana modabwa. "Bambo ako si ali ku Africa?" Ndinati awa ndi bambo anga a kuno. Iye anatambasula manja. "Makhadi atuluka ku ofesi yaikulu. Ine ndemwe ndilibe la mkazi wanga."

Nditafika kunyumba Esinati anati, "Imbani foni ku Hamilton panopa." Ndinanyamula foni ija kawiri, kawirinso ndinaibwezera. Munthu wamkulu amene wamuitana pagulu, wapempha kale tchuthi, ungamuuze bwanji kuti pepani, musabwerenso? Ndinadzinamiza kuti zikaoneka konko, kuti pamwambo, ngati wogwira chitseko ndi mwana wako, sungatsale panja. Esinati anangoti, "Zengerezu adalinda kwawukwawu," n'kupitiriza kusita yunifomu yanga.

Sabata imeneyo chipale chofewa chinagwa choopsa, koma iwo anafika ndithu, anthu asanu ndi atatu, atanyamuka ku Hamilton m'mamawa. Ine ndinali kale pawindo langa, nsapato zikuwala. Papulatifomu panali bandi, riboni, maluwa, ndi anthu a makamera akupondana. Kuseri kwa chingwe ndinawaona anthu anga. Abambo Chikuse anali mu suti yakuda ndi chipewa chawo cha kutchalitchi. Amayi anamanga chitenje pamwamba pa chikhoti, atanyamula dengu la mandasi lovundikira ndi nsalu, loti tidye paulendo. Esinati anaima pambali pawo ndi mimba yake, akundiyang'ana ndi maso ondifunsa ngati ndakonza kanthu. Ndinalibe chimene ndinakonza.

Akuluakulu analankhula mosinthana, ndipo riboni itadulidwa amayi Chikuse anaimba nthungululu. M'siteshoni yapansi mawu amabwerera, choncho nthungululu ija inaposa bandi. Anthu onse anatembenuka. Ena anaseka, wa kamera wina anawajambula. Apa ndilembe zoona zokhazokha, poti ndakalamba: ndinachita manyazi. Nthungululu imene ndinakulira, imene anaimbanso paukwati wanga, tsiku limenelo inandiotcha nkhope.

Oitanidwa anayamba kulowa. Abambo Chikuse anatukula chingwe chija ngati akutsegula geti la kunyumba kwawo, anakodola anzawo, n'kulunjika pa chitseko choyandikana ndi windo langa. Mkulu wina wogwira mndandanda wa mayina anawaimitsa n'kupempha khadi. Iwo anamwetulira, anandiloza, n'kuyankha m'Chingerezi chawo chauphunzitsi kuti, "Uyo ndi mwana wanga, ndiye wandiitana." Mkulu uja anatembenukira kwa ine. "Bambo awa mukuwadziwa?" Chapatali pang'ono bwana Kowalski anali atayang'ana wotchi, dzanja lili m'mwamba kundiuza kuti nthawi yakwana. M'sitima munali a meya, papulatifomu panali ankhoswe anga, ndipo pakati pawo panali chala changa pa batani.

Kutseka ndinayenera kutseka, ndipo mpaka lero sindidandaula nako. Koma panali nthawi yokwanira kunena kuti inde, awa ndi bambo anga, cholakwa ndi changa, abambo pepani ndidikireni ndibwera. Sindinanene. Ndinayang'ana kutsogolo, ndinayang'ana kumbuyo, ndinaimba wezulo, n'kutseka. Ndipo poti lamulo limati mutu wa gadi ukhale panja sitima ikamanyamuka, ndinawadutsa pafupi penipeni, moti akanatha kundigwira tsaya, maso anga ali pamwamba pa chipewa chawo.

Amati masiteshoni atsopanowo anali okongola, ena ojambulidwa m'makoma, siteshoni ina ya magetsi amitundumitundu kudenga. Tsiku limenelo sindinaone kalikonse. Pomaliza bwana Kowalski anandigwira chanza n'kunena kuti sitima inanyamuka pa nthawi yake yeniyeni. Nditafika kunyumba ndinapeza Esinati atakhala yekha, mpunga ndi nkhuku za anthu khumi zitazizira m'mapoto, dengu la mandasi lili patebulo. Anati, "Apita molunjika kudepoti ya basi. Dengu andisiyira ine." Kenaka anagwira mimba yake. "Ndiye mwana uyu adzamutcha dzina ndani?"

Febuluwale 1978: ulendo wa ku Hamilton

Ndinalemba kalata yopepesa, yankho silinabwere. Ndikaimba foni ankayankha amayi, n'kunena kuti abambo atuluka, ine ndikumva kutsokomola kwawo. Esinati anandiuza kuti munthu sapepesa ndi sitampa. Choncho tsiku lopuma ndinapita kumsika wina wa m'tauni kumene nthawi imeneyo ankagulitsa nkhuku zamoyo, ndinagula thadzi lalikulu, ndinaliika m'katoni yoboola, n'kukwera nalo basi. Njira yonse linkatetera, ine n'kumatsokomola kuti ndiliphimbe.

Abambo Chikuse anandilandira pabalaza atavala tayi. Anati, "A gadi, takulandirani. Khalani pampando." Chibadwire sananditchulepo kuti "inu", ndipo mawu amenewo anandipweteka kuposa ndodo yawo ya kusukulu. Ndinakana mpando, ndinakhala pansi, katoni ili patsogolo panga. Ndinayamba kufotokoza za makhadi, za ofesi yaikulu, za lamulo la nthawi. Anandisiya mpaka ndinatha mawu.

Kenaka anati, "Ine ndimagwira ntchito m'chipatala. Lamulo ndimalidziwa. Mukanatsegula chitseko chija chifukwa cha ine, ndikanakukalipirani ndekha. Za khadi mukanandiuza pa foni, ndikanabwerabe kudzaima kuseri kwa chingwe, n'kuomba m'manja. Koma munthu uja anakufunsani ngati mukundidziwa. Ndikufuna ndimve chimene simunayankhire."

Ndinati ndinaopa kuchotsedwa ntchito.

"Ayi. Inde mmodzi sachotsetsa munthu ntchito. Yesaninso."

Ndinayang'ana pansi, ndipo anamenya tebulo monga kale. Ndinadzutsa mutu n'kunena chimene ndinali ndisanamuuze ngakhale Esinati. "Abambo, ndinachita nanu manyazi. Nthungululu ija, chitenje, dengu, azungu akuseka. Ndinafuna ndioneke ngati sindili nanu." Kukhitchini mbale zinasiya kulira, ndipo ndinadziwa kuti amayi amva. Ndinalira pamenepo ngati mwana, ine bambo wa ndevu.

Abambo Chikuse anandisiya ndilire. Pomaliza anati, "Ndamva. Basi yomaliza ya masana inyamuka posachedwa, musaiphonye." Za nkhuku sananene kanthu. Ndinaisiya pomwepo n'kutuluka, osadziwa ngati ndakhululukidwa kapena ndatsanzikidwa.

Malichi 1978

Mwana anabadwa wamkazi, wathanzi, wa mawu ngati a bwana Kowalski. Kuchipatala anatipatsa fomu yolembapo dzina, ndipo Esinati anaipinda n'kuiika pansi pa wailesi. Ndikati mwina tingosankha tokha, ankayankha kuti, "Dzina lili ndi mwini wake. Munawakana kamodzi, ine sindiwakana kachiwiri." Amayi Chikuse anabwera okha, anakhala nafe masiku anayi akusambitsa mwana ndi kuphikira Esinati. Ine ndinkayenda chozemba m'nyumba yanga yomwe, koma iwo sananditchulire za nthungululu ngakhale kamodzi. Tsiku lobwerera ndinawanyamulira chikwama, ndipo pakhomo ndinalimba mtima kufunsa za abambo. Anati, "Nkhuku yako ija sanaiphe, sanaibwezenso. Ili m'chipinda chako chakale, ikutha chimanga changa." Sabata ziwiri zinatha mwana tikungomutcha Bebi, ndipo mtima wanga unali wolemera ngakhale pomunyamula.

Tsiku lina masana ndinali pa shifiti pa njanji yatsopano ija. Sitima italowa m'siteshoni imene munachitikira mwambo, ndinatsegula zitseko n'kusuzumira monga mwa masiku onse. Abambo Chikuse anali ataima pamalo omwe aja, moyang'anizana ndi windo langa, mu suti yakuda ndi chipewa. Pambuyo pake ndinamva kuti anali atadikira sitima zambirimbiri, akusuzumira gadi aliyense. Sanasunthe kuti akwere. Anangoima n'kumandiyang'ana, anthu akuwadutsa uku ndi uku.

Ndinavula kapusi yanga ya ntchito, ndinawayang'ana m'maso, n'kunena mokweza m'Chichewa, pulatifomu yonse ikumva, "Wawa abambo anga! Mwayenda bwanji?" Mayi wina wachizungu amene ankalowa anatembenuka, ndipo ndinamuuza m'Chingerezi, ngakhale sanandifunse, kuti awa ndi bambo anga.

Abambo Chikuse anayandikira pawindo. Anati, "Mwanayo ndi Tiyanjane. Lamulungu mubwere naye, tidzaphe nkhuku ija. Tsopano tseka, iwe Lakisoni, anthu akuchedwa."

Ndinaimba wezulo n'kutseka. Sitima inanyamuka mutu wanga uli panja, ndipo ndinawayang'ana mpaka khoma linawabisa. Ntchito imeneyo ndinaigwira zaka zina zambiri mpaka ndinapuma, ndipo ndinakhutira nayo. Koma iwe Tiyanjane, ukamalidula dzina lako kuti Tiya pofuna kuti anzako a ku ofesi asavutike lilime, sindikuletsa. Ungodziwa kuti munthu wamkulu anachoka ku Hamilton, n'kuima papulatifomu yozizira theka la tsiku, kuti alipereke lathunthu kwa munthu amene anamukana.